Khwinya la pa Nsalu ya Bambo

Bambo ake a Kaphulusa achira. Achiratu, osati zoti ayamba kupezako bwino ayi: adzuka lero m'mawa, ayang'ana mwana wawo m'maso, amuitana ndi dzina limene anamupatsa okha, kenako afunsa kuti ndani wasiya simbi pansi chagada ngati nkhuku yakufa. Ndipo amene wakawatenga kumene anasochera si adokotala, si azakhali, si amayi, koma Kaphulusa yemweyo, mtsikana uja amabwera m'kalasi zala zili bii ndi makala. Nkhaniyi ndi yoopsa pakati pake, ndiye ndi bwino mudziwiretu mathero, kuti mukafika poopsapo mtima usakuchokeni.

Banja lawo ndi la madobi. Shopu yawo ili pansi pa nyumba yosanja, moyang'anana ndi ometa tsitsi. Kutsogolo kuli kauntala ndi zovala za anthu zopachikidwa m'mizere, pakati pali chipinda chositiramo, kumbuyo kuli kakhitchini ndi zipinda ziwiri zogona. Masana amachapa ndi kusita malaya, masuti ndi makatani ngati dobi wina aliyense. Koma pali ntchito ina imene anthu amadzaifunsa monong'ona, atapinda nsalu ya pabedi pawo m'khwapa. Ntchitoyo amaitcha kusita tulo.

Bambo ake ankakwiya munthu akanena kuti ndi matsenga.

"Matsenga alibe malamulo," ankatero. "Iyi ndi sayansi, ndipo yakhala pa mafuwa atatu: kutentha, chinyezi ndi kolowera."

Nsalu imene munthu amafunda imasunga masiku ake onse mu ulusi, akale kumpendero wa kumutu, amene sanafike kumpendero wa kumiyendo. Ukaisita chokwera, kuchokera kumiyendo kupita kumutu, woifundayo amalota zakale. Ukaisita chotsika, maloto amapita kutsogolo. Makala akachuluka m'simbi munthu amafika kutali, ndipo madzi amene umawaza ndi amene amachititsa kuti akadzuka akumbukire zimene waona. Mayi wamasiye wa m'chipinda cha pamwamba ankabweretsa nsalu yake kuti akachezeko ndi malemu amuna ake. Ometa tsitsi anapeza makiyi amene anawataya chaka chatha, atalota dzanja lawo lomwe likuwaponya m'nsapato yakale. Ana a sukulu okha ndi amene ankabwezedwa pakhomo mayeso akayandikira. "Kawerengeni," bambo ankawauza, "ine sindisita ulesi."

Malamulo akuluakulu analipo awiri. Loyamba, munthu ukamupititsa kumbuyo, umubweze. Lachiwiri, usasite nsalu idakali yofunda ndi thupi la mwini wake, chifukwa pamenepo sukusitanso maloto, ukusita nthawi yeniyeniyo.

Kaphulusa malamulowa ankawadziwa ngati nyimbo, koma nsalu ya tulo anali asanaikhudzepo ndi simbi. Ntchito yake inali kuyatsa makala, kuuzira phulusa m'simbi mpaka masaya kuwawa, ndiye dzinalo, komanso kusita mipango ndi makolala. "Dzanja lako likadali ndi changu," bambo ake ankamuuza. "Dikira."

Ndiye tsiku lina mvula itangokata, bambo anakwera makwerero kukamanga chingwe choyanikapo padenga, makwererowo anaterereka. Kuchipatala anabwerako akuyenda okha, akudya bwinobwino, bala la kumutu litapola, koma maso awo anali ngati nyumba imene anthu asamukamo. Sankadziwa mkazi wawo, sankadziwa mlongo wawo, simbi ankaiyang'ana ngati chinthu chakugwa kumwamba. Kaphulusa akawapatsa tiyi ankalandira ndi manja awiri n'kunena mwaulemu, "Zikomo kwambiri, anesi."

Chinthu choyamba chodabwitsa chinali ketulo.

Azakhali, mlongo wawo wa bambo, amagona kwawo ndipo amabwera m'mawa kudzachapa. Tsikulo analowa m'khitchini, anaima, anagwira m'chiuno.

"Alamu, ketulo ya magetsi ija ili kuti?"

"Ya magetsi iti?" amayi anafunsa. "Yathu ndi yomweyi."

Pa mbaula panali ketulo yakale yophwanyika pambali, ikudontha, imene Kaphulusa anaiona ndi maso ake ikutayidwa ali pulayimale.

"Wakuba wakeyo ndi wachifundo," azakhali anatero. "Waba n'kukusiyirani yogwirizira. Akabweranso mumuuze adutse kwathu, atenge amuna anga aja agona pampando tsiku lonse aja andisiyire ena."

Anaseka onse, nkhani inathera pomwepo. Koma m'mawa wotsatira galasi la zenera la kukhitchini linali ndi mng'alu, mng'alu womwe uja wokhota ngati mchira wa buluzi, pomwe galasilo analisintha kalekale. Kenako makatani abuluu anasanduka achikasu aja akale. Wailesi inasowa, m'malo mwake munabwera yaikulu ya mabatire yomangidwa ndi mphira. Zitseko zinali zokhoma, loko wosathyoledwa, zovala za makasitomala zonse zili m'malo mwake. Zimene zinkasowa zinali za m'nyumba zokha, ndipo chilichonse chikasowa, chakale chake chinkabwerera.

Mphekesera zinayamba kuyenda mumsewu. Ometa tsitsi ankauza aliyense wokhala pampando pawo kuti kwa adobi kuli wakuba wobweza katundu. Mayi wamasiye wa pamwamba anati iye samagona bwino, ndipo usiku wonse amamva fungo la makala likukwera m'masitepe, ndi kaphokoso ka chinthu cholemera chikukhwekhwereza pa thabwa, kupita mbali imodzi yokha, osabwerera. Ena anati ndi mzimu wa bamboyo umene unatsala padenga, ukufuna ntchito yake.

Chimene chinatseka anthu pakamwa n'chakuti bambo anayamba kulankhula. Anadzuka tsiku lina n'kuitana mkazi wawo, "Amake mwana, malaya anga a mizere ali kuti?" Amayi anagwetsa mbale, analira, anaseka, anathamanga kukawafuna, ndipo malayawo, amene anang'ambika zaka zapitazo, anali m'kabati atapachikidwa. Kaphulusa anathamangira m'chipindamo, anagwada pafupi ndi bedi.

Bambo anamumwetulira mokoma. "Chemwali, mwamuonako mwana wanga? Sanabwerebe kusukulu ya mkaka?"

"Ndine, Bambo."

"Ayi, chemwali," anaseka. "Wanga ndi kakang'ono, kamalekeza apa." Analoza bondo lawo. "Kamakonda kuuzira phulusa. Mukakaona mukauze kabwere."

Kaphulusa anatuluka, anakalowa pakati pa masuti a anthu, analirira m'thumba la jekete la munthu wosamudziwa.

Zitatero zimene zinayamba kusowa zinali zake. Yunifomu ya kusekondale inachoka pa hang'ala, panatsala kadiresi kofika m'chiuno. Mabuku anasanduka makope ojambulamo amphaka. Pa mphuthu ya chitseko pamene bambo ankalemba mizere poyeza msinkhu wake, mizere ya pamwamba inafufutika, ya pansi n'kumatsala, tsiku lililonse yocheperapo. Madzulo ena analowa kuchipinda kwake n'kupeza bedi lake kulibe, pali kabedi ka mwana ka zitsulo m'mbali. Anakatenga mabulangete a makasitomala n'kuyala pansi pa kauntala.

Iye sankachepa thupi, koma ankapepuka. Akaponda pansi sipankamveka. Akalankhula, azakhali ankati, "Ukuti chiyani? Kweza mawu, wadya udzudzu?" Akadziyang'ana pagalasi la makasitomala ankaona mizere ya masuti kudzera m'mapewa mwake. Amayi, amene imvi zawo zinali zitatha ndipo ankayenda monyang'wa ngati mtsikana, anayamba kuika makapu awiri okha patebulo.

Usiku umenewo Kaphulusa sanagone. Shopu ya dobi usiku ndi malo ena: zovala zopachikidwa zimaoneka ngati anthu oima pamzere opanda mitu, ndipo galimoto ikadutsa panja, kuwala kwake kumawayendetsa onse pamodzi kupita kukhoma n'kubwerera. Kunali zii, kupatula madzi odontha pampopi wa kuseri. Kenako anamva chitseko cha chipinda cha makolo ake chikulira pang'onopang'ono. Mapazi opanda nsapato. Kukhutuka kwa makala m'chitini. Munthu akuuzira moto, fuu, fuu, mosazolowera. Fungo linafika, ndipo pambuyo pake phokoso lija: madzi kuti tsss, chitsulo n'kukhwekhwereza ulendo wautali pa thabwa, kuima, kunyamulidwa, kuyambiranso komwe kuja.

Anakwawa mpaka pakhomo la chipinda chositiramo. Munalibe nyali, koma timabowo ta simbi tinkawala mofiira ngati mano, ndipo kuwalako kunkaonetsa nkhope ya amayi ake. Pa tebulo panali nsalu yoyera ya bambo, ikufuka kanthunzi kumbali imene simbi inali isanafike, kusonyeza kuti yangochotsedwa kumene pathupi. Ndipo simbi inkapita chokwera. Chokwera, chokwera, osatsikako ngakhale kamodzi. Wotchi ya pakhoma inkagunda bwinobwino, koma muvi wake wautali unkayenda chobwerera.

"Amayi," anatero Kaphulusa.

Sanatembenuke.

"Amayi, mukutani?"

Amayi anapinda nsaluyo pamkono, anadutsa pakhomo pomwe iye anagwada, chovala chawo chinamukhudza kumaso, koma sanamuone. Anamva akufunditsa bambo, bedi likulira, kenako kuseka kwapansipansi kwa anthu awiri.

Kutacha, amayi anatuluka kuchipinda atagwira msana, ali ndi mimba yaikulu ya mwezi wobereka.

Msewu wonse unaima. Ometa tsitsi anatuluka ndi lumo m'manja, kasitomala wawo akuwatsatira mutu wometedwa theka. Azimayi ankanong'onezana pampopi kuti mimba yobwera usiku umodzi sinaonekepo, ena ankati mwina ankaimanga ndi nsalu, ena ankawerenga miyezi ya matenda a bamboyo pa zala n'kumagwedeza mitu. Koma bambo anakhala pakhomo akuwala nkhope, tsitsi lili bii, akusisita mimbayo n'kumafunsa odutsa kuti dzina labwino la mtsikana ndi liti.

Kaphulusa anapita kuchipinda kwake. Kabedi ka zitsulo kaja kunalibenso. Munali makatoni a sopo basi. Pa mphuthu ya chitseko panalibe mzere ngakhale umodzi.

Anakapeza azakhali kuseri ataima pa beseni, manja ali m'thovu, osachapa. Anachita kuwakoka chovala kuti amuone, n'kuika pakamwa pake pakhutu pawo kuti amumve. Anawauza zonse.

Azakhali anakhala pansi pa simenti yonyowa.

"Ndiye kuti ali m'mimbamo ndiwe," ananong'ona. "Ndipo tikupita chobwerera. Mimbayo sikula, mwana wa achimwene. Iziphwa."

"Ikaphweratu?"

Azakhali anapukuta manja, anamugwira nkhope ngati akufuna kutsimikiza kuti ilipo. "Lero ndigona konkuno. Aja akaphike okha, aone mmene moto umayatsidwira."

Anabisala onse awiri kuseri kwa makatani a hotela ina amene anali atapachikidwa m'chipinda chositiramo. Anadikira mpaka miyendo kuchita dzanzi. Magalimoto anatha mumsewu, agalu anatopa kuuwa, mpopi wokha ndi umene unkadontha. Chitseko chinalira. Makala, kuuzira, fungo. Amayi atayala nsalu n'kukweza simbi, azakhali anatuluka n'kuwagwira pamkono.

"Alamu, ikani pansi."

Amayi sanakuwe. Anangoyang'ana, ndipo m'kuwala kofiirako maso awo anali a munthu wodziwa bwino chimene akuchita. Mimba inali itachepa kale kuyerekeza ndi m'mawa.

"Ndinayesa kuwabweza, alamu," ananong'ona. "Musandiyese wopusa, lamulo ndimalidziwa. Ndinayamba ndi nsalu yozizira, sizinathandize. Ndinatenga yofunda, ndinawapititsa kumbuyo pang'ono kuti akatole nzeru zawo, n'kuyamba kutsika nawo. Koma taonani apa."

Anafunyulula cha kumunsi kwa nsaluyo. Panali khwinya lalikulu lopingasa kuchokera mbali ina kufika ina, lolimba ngati chipsera.

"Ili ndi tsiku limene anagwa. Simbi itangoliyandikira anakuwa, alamu, kukuwa kumene sindinakumvepo. Ndinanyamula simbi n'kulidumpha, ndinakaiika kutsidya. Kutacha anadzuka opanda kanthu ngati kale, akunditcha anesi. Ndiye ndinati bola kumbuyo. Kumbuyo amandidziwa. Usiku uliwonse ndimati lero lokha."

"Nanga mwana?"

"Mwana ali bwino, ali muno." Anagwira pamimba.

"Mwana wanu ali apa, waima pambali panu, wamkulu kale, wa kusekondale, ndipo simukumuona. Mukasitanso kawiri katatu sakhala muno, sakhalanso m'menemo."

Amayi anayang'ana uku ndi uku m'chipindamo. Maso awo anadutsa pa Kaphulusa ngati podutsa pa utsi.

"Sitani ndinu, alamu," anatero amayi. "Ine ndikafika pakhwinyapo ndidumphanso, ndikudziwa."

"Ine? Ine ndine wa thovu. Bambo athu anaphunzitsa mwana wamwamuna yekha, ine anandipatsa beseni. Ndikagwira simbi imeneyo tonse tidzukira m'chaka cha njala."

Pamenepo Kaphulusa anatambasula manja n'kugwira chigwiriro cha simbi. Inali yolemera ngati mwala wa pamtsinje, chifukwa iye anali atapepuka kwambiri, koma anaigwira ndi manja awiri, anakanikiza mano, inanyamuka. Amayi anaona simbi ikukwera yokha m'mwamba, anabwerera m'mbuyo mpaka kugunda khoma. Kenako anayang'anitsitsa pa chigwiriro, pamene kuwala kwa makala kunkagwera, ndipo anaona zala khumi zakuda ndi makala.

"Zala izi ndikuzidziwa," ananong'ona.

Ananyamula tebulo lositirapo n'kukaliika m'chipinda chogona, pambali pa bedi, kuti nsalu isazizire: mbali imodzi inafunda bambo, inayo inali pa tebulo. Azakhali anagwira kumutu, amayi kumiyendo, n'kuikoka kuti iti nga. Bambo anali m'tulo, nkhope yosalala ngati ya mnyamata. Kaphulusa anauzira phulusa, anawonjezera makala, anaviika zala m'mbale ya madzi n'kuwaza. Anaika simbi pamene amayi analekezera, n'kuyamba kutsika.

Inu, kusita nthawi si kusita mpango. Simbi inkakana ngati ikukoka nyumba yonse kumbuyo kwake, ndipo inalidi kuikoka. Atangoyenda pang'ono amayi anabuula, anapinda msana, thukuta lili chuchuchu, koma nsalu sanaisiye. Kuchipinda china kunamveka kulira kwa khanda, kamodzi kokha, kowawa, ndipo pomwepo Kaphulusa anamva mapazi ake akugunda pansi, thupi lake likulemera, mpweya ukudzaza m'chifuwa. Amayi anaweramuka mimba ilibe, anamuyang'ana kumaso kwenikweni.

"Mwana wanga."

"Kokani nsalu, Amayi, ikufooka."

Mumdima nyumba yonse inayamba kulankhula. Zitsulo za kabedi zinalira n'kusiya, bedi lalikulu linagunda pansi kuti di. Kukhitchini galasi linathetheka, ketulo inagubuduka. Wailesi yakale inayimba kanyimbo kachidule n'kuzima. Makatani ankakupiza popanda mphepo. Wotchi inkathamanga ngati yapenga, ndipo imvi zinkamera m'mutu mwa amayi iye akuona, imodzi imodzi, ngati chisanu chikugwa pa udzu. Bambo ankamwetulira m'tulo, nthawi zina kuseka, nthawi zina kutchula maina a makasitomala amene anasamuka kale. Kaphulusa ankawaza, kusita, kuuzira, kusita, mikono ikuyaka moto, osathamanga, chifukwa anadziwa kuti akathamanga zaka zina zituluka zosapsa.

Kenako simbi inafika pakhwinya.

M'chipindamo munadzaza fungo la mvula yongokata. Padenga panamveka mapazi, ndi chitsulo cha makwerero chikukhwekhwereza pa simenti. Bambo anatambasula manja m'mwamba ngati akumanga chingwe, nkhope inasintha, ndipo anayamba kukuwa. Sikunali kukuwa kwa munthu wamkulu. Mayi wamasiye wa pamwamba akuti anagwada pansi n'kuyamba kupemphera.

"Dumpha," amayi analira. "Dumpha, mwana wanga, akumva kuwawa."

"Ndikadumpha ulusi uduka pomwepa, Amayi. Adzafika kutsidya opanda katundu."

Zimenezi palibe anamuphunzitsa. Anangoziona ndi maso a munthu amene wasita makolala ambirimbiri: khwinya ukalidumpha limakhalapobe, ukalipondereza louma limapsa n'kukhala mpaka kale. Anaimika simbi. Anatapa madzi ndi manja awiri n'kuthira pakhwinyapo mpaka kunyowa, analitambasula ndi zala pang'onopang'ono kuchokera mbali ina kufika ina, likumuluma ngati waya, bambo akukuwabe, amayi atatseka maso, azakhali akunena, "Limbani achimwene, limbani, mwanayu akudziwa." Kenako ananyamula simbi n'kuitsitsa pakhwinya penipeni.

Nthunzi inakwera mpaka kudenga. Panja makwerero anagwa ndi chiphokoso chimene chinadzutsa agalu a msewu wonse. Thupi la bambo linadumpha pabedi n'kugweranso, ndipo anati zii.

Kaphulusa sananyamule simbi. Misozi inkagwera pa chitsulo n'kumati tsss, koma anaiyendetsa pang'onopang'ono, ngati nkhono, mpaka inatulukira kutsidya. Kumbuyo kwake nsalu inali see, yosalala, yopanda ngakhale kachizindikiro kopserera. Bambo anakoka mpweya wautali, n'kuyamba kuliza mkonono wawo wa masiku onse uja umene amayi amadandaula nawo.

Apa ndi pamene chimwemwe chinamupusitsa. Panatsala pang'ono kuti afike pa lero, pamene ulusi wogonedwa umathera n'kuyamba watsopano, ndipo simbi inali itapepuka, ikuyenda yokha ngati pa mafuta. Anatembenuka kuti amwetulire amayi ake.

"Ima," azakhali anatero. "Ima, iwe, wapyola."

Anainyamula msangamsanga n'kuiponya pansi. Inali itapyola pang'ono pokha, ngati m'lifupi mwa chala.

Anagona onse atatu pansi pomwepo, atatsamirana. Chimene chinawadzutsa ndi mawu.

"Kaphulusa."

Kunja kunali kutayera. Bambo anali atakhala pabedi, imvi zawo zonse zili m'malo, chipsera chili pamutu, maso ali ndi mwini wake m'kati.

"Kaphulusa, ndani wasiya simbi pansi chagada ngati nkhuku yakufa? Ndinakuphunzitsa choncho ine?"

Kaphulusa anawagwera pachifuwa mpaka bedi linalira. Amayi anagwada n'kubisa nkhope m'manja mwawo, akunena mawu osamveka, ndipo bambo anawasisita mutu nthawi yaitali. "Ndikudziwa, amake mwana," anatero. "Ndinaliko. Kunali kokoma, koma sikokhala." Azakhali anati iwo salira, ndi utsi wa makala, ndipo anapita kukateleka tiyi m'ketulo ya magetsi.

Kenako bambo anakoka nsalu ija n'kuiyala pamaondo. Anaiyendetsa chala kuchokera kumutu, pang'onopang'ono, monga amachitira akamayendera ntchito ya munthu wina. Atafika pamene panali khwinya anaima. Anaitembenuza, anaiyang'ana kudzera pa kuwala kwa zenera, anainunkhiza.

"Wadutsa apa ndani?"

"Ndine, Bambo."

"Wekha?"

"Amayi ndi azakhali anakoka."

"Agogo ako anasita tulo moyo wawo wonse, khwinya la ngozi sanalidutsepo osawotcha. Ine ndinayesapo kamodzi, nsalu inabooka." Anamuyang'ana, anagwedeza mutu. "Mawa ndikutsegula shopu, ndipo tebulo la kutsogolo ndi lako. Simbi yanga yaikulu ya mkuwa ndikupatsa pamaso pa anthu, aone kuti dobi wa tulo mumsewu uno ndi ndani."

Kaphulusa anafuna kuuluka. Koma chala cha bambo chinali chitatsika kale kumunsi.

"Komabe changu chija sichinathe. Wapyola. Mawa lakelo ine ndaliona kale." Anatseka diso limodzi. "Kukhala anthu mpaka panja. Ometa tsitsi alankhula mpaka tiyi kuzizira. Anzako a kusukulu abwera: wa magalasi uja aswa kapu, amapasa akhala pa kauntala ngakhale uwaletse, wamtali uja afunsa ngati ndingamusitire za mayeso. Ndi wachete uja wopanda nsapato."

"Uti, Bambo?"

"Amene aime kumbuyo kwa anzakowo. Nkhope sindinaione bwino, nsalu inathera pomwepo. Koma sayang'ana simbi, sayang'ana ine. Ayang'ana iwe basi."

Kaphulusa anawerenga anzake m'mutu, anawerenganso, ndipo onse ali ndi nsapato. Koma yunifomu yake inali pa hang'ala, mabuku ali m'chikwama, mapazi ake ankamveka pansi, ndipo bambo ake anali atamutchula dzina kawiri. Anavala, anathamanga msewu wonse osaima, n'kukapeza anzake pageti la sukulu belu lisanalire. Anawafotokozera zonse mpweya uli m'mwamba, akuwaonetsa matuza a m'manja ngati mendulo.

"Ndani wa inu abwere ndi mlendo?" anafunsa pomaliza.

Anayang'anizana. Palibe.

"Chabwino, aliyense amene ali, adzaone nayenso," anatero Kaphulusa akuseka. "Khwinya ndalidutsa ine, munthu wopanda nsapato angandiopse? Iwe wa magalasi, kapu yako tikupatsa ya pulasitiki. Inu amapasa, pa kauntala ayi. Bwerani mawa tikangoweruka, nonse, musachedwe, mudzaone bambo anga ataima pakhomo la shopu yawo akudziwa aliyense, ndipo mudzaone ine ndikulandira simbi ya mkuwa."